Mtanda wa Kumapazi

Mayi amene anafika papolisi ya Mangochi m'mawa wa Lolemba lija sanalire, ndipo n'chifukwa chake Sajeni Kalisto Dzimbiri anaika pansi kapu yake ya tiyi. Anthu olira anali atawazolowera. Koma munthu akabwera maso ali gwa, chitenje atamanga bwinobwino, mapazi ali mbuu ndi fumbi, ameneyo ndiye amakhala ndi nkhani yosowetsa tulo.

"Ndine Celestina, mphunzitsi wa pasukulu ya mishoni," anatero mayiyo. "Andibera mwamuna wanga."

"Mayi, zoberana amuna n'za kwa ankhoswe, osati kuno."

"Mwamuna wanga anamwalira zaka zapitazo, a Sajeni. Amuba m'manda."

Galimoto ya apolisi inali itapita ndi akuluakulu ngati masiku onse, choncho awiriwo anakwera lole ya nsomba yolowera ku Monkey Bay. Msewu ankaukuza kuti authire phula. Makatapila anali atagwetsa milambe ndi migwalangwa, ndipo kutsogolo kwake zikhomo za mitu yofiira zinali zitazikidwa m'minda, m'mabwalo, ngakhale pakhomo pa anthu. Masiku amenewo chikhomo cha boma chikazikidwa pakhonde pako unkangosuntha mpando.

Manda a mishoni anali kuseri kwa tchalitchi. Mitanda inali ndandanda, uliwonse kumadzulo kwa mtumbira wake. Umodzi wokha ndiwo unaima kum'mawa.

"Tsiku lozika mtanda uwu ndinali pano," anatero Celestina. "Unali kumutu kwake, uku. Dzulo potuluka m'tchalitchi ndaupeza kumapazi."

Katekisi wa pamalopo, a Macloud, anali atawatsatira, ndipo anali munthu woti pakamwa pake sipaphwa. "Afiti awa, bwana, musadzivute. Kuno kunyanja anthu amakhwimira makoka, ine ndakhala ndikunena pagome paja, koma ndani amamva katekisi? Atenga mafupa kuti nsomba zizilowa zokha, basi, mlandu watha."

Sajeni anagwada. Dothi linali lofukulidwa chaposachedwa, koma mtumbirawo unaumbidwanso mwaluso kuposa ina yonse, ndipo pozungulira pake panali posesedwa. Pamwamba dothi linali litauma chikhakha, kusonyeza kuti wina anathirapo madzi kuyambira mbali ina kufika mbali inayo. Mvula inali isanagwe miyezi yambiri.

"A katekisi, munaionapo mfiti ikusesa?"

Sajeni anaimirira n'kusasa dothi m'mawondo.

Anaitana adzukulu ndi makasu. Atafika pa bokosi anapeza chivundikiro chake, chofumbwa kale, atachibwezera pamalo pake. Mkatimo munali zotsalira za jekete ndi nsapato ataziika bwino pangodya. Fupa munalibe, ngakhale la chala. Apa Sajeni anadabwa, pakuti wofuna zizimba amatenga chimene akufuna n'kuthawa, dzenje lili yasa. Uyu anatenga munthu yense, ndipo anamutenga mwaulemu.

"Amuna anu anali ndi adani?"

"Anali ndi abale," anayankha Celestina, mawu ali owuma. "Dzina la Petulo analitenga pobatizidwa kuti tikwatirane. Kwawo ku Lipalasa ndi Atumani, mwana wa Abiti Sumani. Amayi akewo kuukwati sanabwere, kumaliro sanabwere. Ana anga sanawanyamulepo."

* * *

Mudzi wa Lipalasa unali m'mbali mwa msewu womwewo, ndipo makatapila anali ataima pafupi nawo, makamwa ali pansi. Kapitawo wa ntchitoyo, a Gilford, anali pamthunzi wa lole akudzipepesa ndi chipewa.

"Ife tili pa pulogalamu, a Sajeni, koma anthu awa atichedwetsa zedi. Laini yathu ikudutsa pakati pa manda awo a Chisilamu. Anatitengera kukhothi ku boma. Shehe wawo analankhula mpaka mawu kusasa, akuti manda a Msilamu satsegulidwa, msewu ukhote. Ukhote bwanji? Majisitileti anagamula kuti chitukuko sichiima. Manda asamuke Lachinayi lino. Afukula okha, koma dzenje lililonse alitsegule pamaso pa anthu a boma."

"Anachilandira chigamulocho?"

"Kuchilandira? Azibambo akuluakulu anakhala pansi pabwalo la khothi ngati awadula miyendo. Zikhomo ankatizulira tsiku ndi tsiku. Koma kuyambira sabata yatha, zii. Dzulo atipatsa mpaka madzi akumwa." Kapitawo anayang'ana uku ndi uku, n'kutsitsa mawu. "Komanso kwabwera munthu wa suti, wa ofesi ija ilibe dzina pachitseko. Manda enawo alibe nawo ntchito. Akufunsa za amodzi okha, a Jaffalie."

Dzina limenelo wapolisi aliyense amene anakhalitsa ku Mangochi ankalidziwa. Zaka zija asilikali ankasaka anthu ogalukira boma m'mapiri a kutsidya kwa mtsinje, Jaffalie anali mmodzi mwa ofunidwa. Tsiku limene anabwera kudzamugwira anapeza mudzi wonse ukuchokera kumanda. Anawauza kuti mnyamatayo wamira panyanja, ndipo amuika tsiku lomwelo monga mwa Chisilamu. Asilikali anabwerera, koma si onse amene anakhulupirira.

"Jaffalie ameneyu anali mwana wa yani?" anafunsa Sajeni, ngakhale mtima unali utamuuza kale.

"Akuti wa mayi wina wowamba nsomba. Abiti Sumani."

* * *

Sajeni sanalowe m'manda a Lipalasa, anangoima pampanda. Kunalibe mitanda, kunali timitengo ndi miyala. Mtumbira uliwonse unali ndi kamtengo kakatali mbali imodzi, ndipo kalikonse kanali kum'mawa.

"Mukufuna ndani pakati pa ogona, bwana?"

Anali Shehe Ibrahimu, nkhalamba yoonda ya mkanjo woyera, yolankhula pang'onopang'ono ngati ikuyeza liwu lililonse.

"Ndikufuna kuphunzira, a Shehe. Munthu wanu mumamugoneka bwanji?"

"Chammbali, padzanja lamanja, nkhope itayang'ana kumpoto kumene timayang'ana popemphera. Mutu umakhala kum'mawa. Sitimuika m'bokosi, sitimuveka zovala, timangomukulunga mu sanda, nsalu yoyera. Tikakwirira timathira madzi pamwamba."

"Ndiye munthu amene wakumba manda a Chisilamu moyo wake wonse, mutamupatsa mtanda kuti auzike kumutu, angauzike kuti?"

Shehe anayang'ana timitengo tija m'mandamo. Kenako anati, "Ine ntchito yanga ndi kupempherera amene wabwera mu sanda. Sindimuvundukula kumaso. Mulungu ndiye amadziwa mayina."

"Amakumba manda kuno ndani?"

"Che Wadi. Mlongo wake wa Abiti Sumani."

Sajeni anamupeza Che Wadi kugombe akusoka khoka, bambo wa mapewa aakulu amene sankafuna kuonana maso ndi munthu.

"Sabata yathayi munali kuti, Che Wadi?"

"Panyanja, bwana. Masiku onse. Usipa, ndi nyali. Funsani aliyense."

"Sindifunsa aliyense, adzanena zomwezo. Ine kwathu ndi ku Ntcheu, nsomba ndinaidziwa itauma kale, koma kuno ndakhalitsako. Sabata yatha mwezi unali mbee mpaka kucha, ndipo kumsika usipa unasowa. Usipa umabwera kunyali mwezi ukuwala?"

Singano ya khoka inaima. Sajeni anayang'ana zikhatho za bamboyo. Matuza ake anali atsopano, a mpini wa khasu osati a chingwe. Che Wadi anangotembenuza mutu n'kuyang'ana kumene kunkafuka utsi, kuseri kwa nyumba ya mlongo wake.

* * *

Abiti Sumani anali pa uvuni wowambira nsomba, akutembenuza chambo pawaya ndi zala zimene moto zinali zitauiwala. Anali mayi wamfupi, wowuma thupi, maso ofiira ndi utsi. Sanaimirire, sanapereke mpando.

"Mwabwera kudzanditenga? Dikirani nsomba zanga zipse."

"Ndabwera kudzafunsa, amayi. Tsiku lija munkaika Jaffalie, mu sanda munakulungamo chiyani?"

"Thunthu la nthochi."

Anayankha msanga moti Sajeni anachita kubwerera m'mbuyo. Nthochi ikaola sisiya kanthu. Lachinayi munthu wa suti akanapeza dzenje lopanda fupa.

"Jaffalie ali moyo?"

"Ali kutsidya kwa malire. Ndimamva kuti ali ndi ana."

"Anadziwa ndani za nthochiyo?"

"Amene ananyamula jeneza ya maliro anadziwa, chifukwa nthochi ilibe mapewa. Ananyamula mudzi wonse, mosinthanasinthana, mpaka kumanda. Akazi tinalira mpaka mawu kutha. Palibe khomo limene silinaname tsiku limenelo." Anatembenuza nsomba ina. "Tinapita kukhothi tikuti mwina msewu ukhota. Sunakhote. Ndiye ndinamuuza Wadi kuti ine ndinabereka awiri. Wakufayo sangamangidwe, sangamenyedwe. Apite akagone m'malo mwa mphwake."

"Munaba maliro, amayi."

"Ndinatenga mwana wanga." "Atabwera naye mumtanga ndinagwira fupa lililonse ndi manja awa. Anali wolemera pobadwa, Atumani. Tsopano ndinamunyamula ndi dzanja limodzi."

Sajeni anali ataonapo zimene zimachitikira mudzi wobisa munthu wogalukira. Malole ankabwera, amuna ankakwezedwa, nyumba zinkatsala zikufuka, ndipo obwerako ankabwera patapita zaka, ena osabwera n'komwe. Ankadziwanso zimene zimachitikira wapolisi wodziwa kanthu n'kukhala chete. Anali ndi ana ake kulaini ya apolisi, ndipo kunena zoona, anachita mantha.

"Wadi ndi wopusa," anatero mayiyo, akupukuta m'maso ndi chitenje ngati ndi utsi chabe. "Ndinamuuza kuti akwirire n'kuchoka. Akuti sangasiye manda a mwana wa mlongo wake ngati dzala."

* * *

Sajeni anamupeza Celestina akufufuta bolodi, ana atawerukira. Sajeni anatseka chitseko n'kumuuza zonse, osasiyako kanthu. Mayiyo anamvetsera ataima, kansalu ka choko kali m'manja.

"Mwandiuziranji?"

"Mlandu ndi wanu, mayi. Mukati ndiutengere pamwamba, ndiutengera. Amuna anu abwerera m'bokosi mwawo, pansi pa mtanda wawo."

"Ndipo a ku Lipalasa?"

Sajeni anayang'ana pansi. Ankadziwa kuti katundu amene wamulemera iye akumusenzetsa mkazi wamasiye, ndipo manyazi anamugwira.

"Pamene ankadwala," anatero Celestina, "anaitana amayi ake mpaka lilime kuuma. Ndinatuma anthu. Anabweza mawu akuti mwana wawo Atumani anafa tsiku limene anathiridwa madzi pamutu, Petulo sakumudziwa. Lero amudziwa chifukwa ali naye ntchito? Munthu anasankha yekha kogona, a Sajeni. Anataya amayi ake, anataya mudzi wake chifukwa cha chikhulupiriro chimenecho. Ndiye akagone kwa Asilamu, ndi dzina la munthu wina, ana ake azipemphera pa bokosi lopanda kanthu?"

"Sindikukuuzani chochita."

"Ndaona kuti simukundiuza. Tulukani, ndikufuna kutseka kalasi."

Sajeni anatuluka osadziwa kuti mayiyo wasankha chiyani.

* * *

Lachinayi dzuwa linatuluka lotentha. Amuna a Lipalasa analowa m'manda ndi makasu ndi nsalu zoyera, akazi anakhala tsidya lina la msewu atafunda kumutu. Ankangomveka makasu ndi mawu a Shehe Ibrahimu pa dzenje lililonse.

Munthu wa suti anafika pagalimoto yakuda. Anali wachinyamata, waulemu kwambiri, ndipo ulemu wakewo ndiwo unkaopsa. Anaima pamwamba pa manda a Jaffalie mpaka Che Wadi atatulutsa zimene zinali m'kachipinda ka m'mbali mwa dzenje. Anali mafupa a munthu, okwanira. Sajeni anamva amuna amene anali pafupi akutulutsa mpweya.

"Musakulunge," anatero wa sutiyo. "Pitani nawo kumsewu. A Sajeni, ndamva kuti kumishoni kwasowa maliro sabata yomwe ino. M'bale wake wa yemweyu. Mwawapeza?"

"Tikufufuzabe, bwana."

"Tiyeni ndikuthandizeni. Ndinacheza ndi katekisi dzulo, munthu womasuka bwino. Akuti malemuwo anathyokapo mwendo, unalumikizika mokhota." Anawerama n'kuloza ndi cholembera fupa la mwendo, pamene panali chotupa ngati mfundo ya nsungwi. "Ndaitanitsa mkazi wake."

Celestina anatsika kumbuyo kwa galimotoyo. Anayenda pakati pa msewu, mudzi wonse ukumuyang'ana, amuna mbali iyi, akazi mbali iyo. Abiti Sumani yekha ndiye anayang'ana pansi. Atafika pa nsalu yoyerayo Celestina anagwada. Anayang'ana chigaza, anayang'ana nthiti, anayang'ana mwendo uja. Sajeni anaona dzanja lake likunyamuka kuti likhudze, kenako likubwerera pachifuwa.

"Mayi, musaope," anatero wa suti mofatsa. "Boma lili kumbali yanu. Mukangoti awa ndi amuna anu, lero lomwe tikawabwezera kumishoni mwaulemu wonse. Otsalawo ndi athu."

Kwinakwake kumbuyo kwa akazi khanda linayamba kulira, mayi wake n'kulitseka pakamwa ndi bere.

"A katekisi asokoneza," anatero Celestina. "Amuna anga anathyoka mkono, osati mwendo. Ndinkawathowa ndine. Awa si iwo."

"Mwatsimikiza?"

"Munthu ndinagona naye mphasa imodzi, bwana. Awa ndi alamu anga."

"Jaffalie anagwa mumtengo wa mango ali mwana," anatero Che Wadi, mawu akutuluka ngati akukoka ngalawa pamchenga. "Ankatsimphina."

"Ankatsimphina," anavomereza amuna ena kumbuyo.

Wa sutiyo anayang'ana nkhope imodziimodzi, pomaliza n'kufika pa Sajeni. "Nanga inu, wapolisi wa boma, mukuti za kumishoni anachita ndani?"

"Okhwimira makoka, bwana. Kuno kunyanja zimachitika. Zizindikiro zonse ndi zomwezo."

"Mudzalemba choncho, n'kusayina dzina lanu?"

"Ndidzasayina, bwana."

Munthuyo anapukuta cholembera chake ndi mpango, nachibwezera m'thumba. Sanatsanzike aliyense. Galimoto itachoka palibe anasangalala, palibe anayang'ana mnzake. Che Wadi anakulunga mafupawo mu sanda yatsopano, ndipo amuna anawaika pa jeneza pamodzi ndi ena.

Manda atsopano anali kumtunda, kuseri kwa minda ya chinangwa. Amuna anatsogola, akulandizana jeneza paphewa ndi paphewa. Akazi anatsatira chapatali, ndipo Celestina anali pakati pawo, yekhayo wosafunda kumutu. Sajeni ankayenda m'mbali ngati wosungitsa bata.

Pamene njira inapatukira kumanda, akazi onse anaima. Celestina sanadziwe, anapitirira. Dzanja lowuma, lonunkha utsi wa nsomba, linamugwira pamkono.

"Akazi timalekeza pano," anatero Abiti Sumani.

"Lero lokha?"

"Masiku onse, mwanangu."

Celestina anaima. Sanachotse mkono wake, komanso sanawayang'ane apongozi akewo. Jeneza inalowa m'mitengo mpaka nsalu yoyera inaleka kuoneka. Patapita nthawi mphepo inabweretsa mawu a Shehe akupempherera Jaffalie mwana wa Abiti Sumani, amuna onse akuvomera.

Sajeni anali pafupi, ndiye anamva zimene mudziwo sunamve. Celestina anadzilemba kamtanda kakang'ono pachifuwa ndi chala chimodzi, pansi pa chitenje, n'kunong'ona. "Pita bwino, Petulo. Ndakukana pamaso pa anthu, undikhululukire."

Ndipo pamenepo ndi pamene analira.